Joseph Marcell: tinamuona kawiri, koma dzina lake sitilidziwa

Ambiri a ife tinaphunzira kuonera mafilimu m'mavidiyo sho, ndipo lamulo loyamba la kumeneko ndi lakuti mwini filimu safa. Ena onse amakhala ongoperekeza: mnzake wa mwini filimu amene aphedwe nkhani ili pakati, bwana wa apolisi wokalipakalipa, mayi wolira pakhomo. Filimu yonse timaitchula ndi dzina la munthu mmodzi, ya Van Damme, ya Jackie Chan, ya Chuck Norris, ngati kuti anaijambula ali yekha m'tchire. Chizolowezi chimenechi tinalowa nacho ku yunivesite, ndipo sichinathere pa mafilimu. Ntchito ya munthu timaiyeza ndi funso limodzi lokha: kodi dzina lake linali pamwamba pa chikwangwani?

Lero ndikufuna ndikambe za Joseph Marcell. Ndikudziwa kuti kwa ambiri dzinali silikukumbutsani kanthu, koma nkhope yake mukuidziwa. Ngati munaonerapo The Fresh Prince of Bel-Air, ndi Geoffrey uja, wantchito wa m'nyumba wovala suti yakuda, wolankhula Chingerezi cha ku London ndi nkhope yosaseka. Ngati munaonera The Boy Who Harnessed the Wind, ndi mfumu ija imene inamenyedwa pa msonkhano wa pulezidenti. Munthu mmodzi yemweyo. Maganizo anga ndi akuti ntchito ya bamboyu, imene yadutsa zaka 50, ndi yofunika kuiphunzira kuposa ya anthu ambiri amene maina awo timawaloweza. Ndikuonanso kuti mafunso awiri amene anthu amamufunsa, loti anavomeranji kusewera wantchito wa m'nyumba ndi loti anasewereranji mfumu ya Achewa, ali ndi mayankho amene akukhudza ifeyo.

Angerezi munthu wotere amamutcha character actor. Tanthauzo lake ndi wazisudzo amene sapatsidwa gawo la mwini nkhani, koma amaitanidwa kuti adzakhale woweruza, wansembe, dokotala, malume, mlonda. Amakhala ndi mphindi zochepa, nthawi zina zitatu zokha, ndipo m'mphindi zimenezo woonera ayenera kukhulupirira kuti munthuyu anali ndi moyo kamera isanafike ndipo aupitiriza kamera ikachoka. Mwini filimu ali ndi maola awiri oti atikope, ndipo akalakwitsa pano akonza patsogolo. Wam'mbali alibe mwayi umenewo. Dziko la Britain lili ndi mbiri yaitali yotulutsa anthu otere, monga Pete Postlethwaite, Timothy Spall, Imelda Staunton ndi Toby Jones, ndipo chifukwa chake sichobisika: ambiri mwa iwo anakhala zaka pa siteji, akusewera magawo osiyanasiyana usiku ndi usiku, asanaonekere pa kanema.

Marcell anabadwa mu 1948 pa chilumba cha Saint Lucia ku Caribbean, ndipo anasamukira ku England ali mwana, n'kukulira ku Peckham, kum'mwera kwa London. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 anali atalowa kale mu Royal Shakespeare Company. Sewero la gululi la Antony and Cleopatra, lokonzedwa ndi Trevor Nunn, litajambulidwa pa TV mu 1974, Marcell anasewera Eros, pamodzi ndi Janet Suzman, Richard Johnson, Patrick Stewart ndi Ben Kingsley. Amene munawerenga seweroli mukukumbukira kuti Eros ndi wantchito wa Antony. Antony atagonja pa nkhondo n'kumva zoti Cleopatra wafa, amauza Eros kuti amubaye monga analonjezera kale. Eros amapempha mbuye wakeyo kuti atembenuke, kenako amadzibaya yekha. Msilikali wamkulu wa Aroma amaphunzira kufa kwa wantchito wake. Gawoli ndi laling'ono, koma likaseweredwa mwamphwayi imfa ya Antony imangosanduka phokoso.

Mu 1978 ndi 1979 anali mu Empire Road ya BBC, sewero lolembedwa ndi Michael Abbensetts wa ku Guyana, lokamba za mabanja ochokera ku Caribbean ndi ku Asia okhala mu mzinda wa Birmingham. Mwini nkhani anali Norman Beaton, ndipo Marcell anasewera Walter. Seweroli limakumbukiridwa ngati limodzi mwa oyambirira pa TV ya ku Britain amene wolemba wake ndi ambiri mwa osewera anali anthu akuda. Linangoyenda zigawo ziwiri basi n'kuima. Zitatero, Marcell anabwerera ku moyo umene azisudzo akuda a nthawi imeneyo ankaudziwa bwino: gawo apa, gawo apo. Mu 1987 anaoneka pang'ono mu Cry Freedom, filimu ya Richard Attenborough yokamba za Steve Biko ndi Donald Woods, imene mbali yaikulu inajambulidwa ku Zimbabwe.

Pofuna kumvetsa zimene munthuyu amatha kuchita ndi mphindi zochepa, onerani nkhani ya Doctor Who yotchedwa Remembrance of the Daleks ya 1988. Nkhaniyo ikuchitika ku London mu 1963. Doctor, amene ankaseweredwa ndi Sylvester McCoy, walowa usiku m'kanyumba kogulitsa tiyi ali ndi chisankho chovuta m'mutu. Wogulitsa, dzina lake John, akumufunsa ngati akufuna shuga. Kuchokera pa funso wamba limeneli awiriwa akufika pa nkhani ya nzimbe, ndipo John akufotokoza kuti anthu akanakhala kuti sakonda zotsekemera, gogo wa kholo lake sakanagwidwa, kumangidwa maunyolo ndi kugulitsidwa ku Kingston, ndipo iye akanakhala Mwafrika. Marcell sakweza mawu ndipo sapempha chisoni. Amalankhula ngati munthu amene wakhala akuganizira zimenezi kwa zaka kwinaku akupukuta makapu. John saonekanso m'nkhaniyo, koma mpaka lero okonda Doctor Who amatchula kagawo kameneka ngati kamodzi mwa tabwino kwambiri ta nthawi ya McCoy.

Kenako kunabwera 1990 ndi The Fresh Prince of Bel-Air pa NBC, imene inayenda mpaka 1996, magawo 148. Apa ndi pamene funso loyamba limabukira. Munthu amene wasewera Shakespeare, angawoloke bwanji nyanja yonse kukanyamula thireyi? Funsoli sindikulipeputsa. Ku Hollywood gawo la wantchito wakuda lili ndi mbiri yowawa. Hattie McDaniel, munthu wakuda woyamba kupata Oscar mu 1940, anaipata posewera Mammy mu Gone with the Wind, ndipo kwa zaka zambiri magawo a khitchini ndi pakhonde ndiwo okha ankapatsidwa kwa anthu akuda. Kwa ife nkhaniyi ili pafupinso. Agogo athu ambiri anaphikira azungu ku Salisbury ndi ku Johannesburg, ndipo lero tikudziwa anzathu a masatifiketi abwino amene akusesa m'nyumba za eni ku Joni. Munthu wophunzira wovala yunifomu ya wantchito si chinthu chimene timangochiseka mosaganiza.

Komabe onani bwino zimene Marcell anachita ndi gawoli. Poyamba, nyumba imene Geoffrey akugwiramo ndi ya anthu akuda olemera: Philip Banks ndi loya amene pambuyo pake anakhala woweruza, Vivian ndi mphunzitsi wa ku yunivesite. M'gawo loyamba lenileni, Will atafika pakhomo amaganiza kuti Geoffrey ndiye amalume ake, ndipo nthabwala imeneyo ikunena zambiri: m'nyumba muno khungu silikuuza kuti bwana ndani. Chachiwiri, Geoffrey sanachokere mu mzere wa Mammy. Anachokera mu mzere wa Jeeves wa P. G. Wodehouse, wantchito Wachingerezi wanzeru kuposa bwana wake, komanso wa Benson amene Robert Guillaume ankasewera pa TV ya ku America. Geoffrey amaona zonse. Amadziwa ulesi wa Hilary, kudzikonda kwa Carlton, dyera la Philip, ndipo aliyense amamubaya ndi chiganizo chimodzi chaulemu kenako n'kutuluka. Sabisa kuti malipiro ake ndi ochepa. Sanamizira kuti ndi wa m'banjamo.

Luso lake lili pa kuugwira mtima. Will Smith amadzaza chipinda ndi thupi lonse, amalumpha, amakuwa, amayang'ana kamera. Munthu wina akanayesa kupikisana naye pa phokoso, seweroli likanatopetsa. Marcell anasankha kuima chilili, kudikira kuti phokoso lithe, n'kuponya mawu ake mochedwa pang'ono kuposa mmene ukuyembekezera. Kuchedwa kumeneko ndiko kumaseketsa, ndipo kumaphunziridwa pamaso pa anthu amoyo, pamene ukalankhula msanga mawu ako amamira m'kuseka kwa nthabwala yapitayo. M'gawo lomaliza, Geoffrey akubwerera ku London kukakhala pafupi ndi mwana wake, amatsanzikana ndi Will pomutchula dzina lake lokha, wopanda mawu aulemu a wantchito amene anawagwiritsa ntchito zaka 6. Kanthu kakang'ono kameneka kamagwira mtima chifukwa chakuti Marcell sanalole kuti Geoffrey afewe msanga. Anasunga mpanda umenewo zaka zonse kuti tsiku lougwetsa lidzamveke.

Pamene ndikugwirizana ndi odandaula ndi apa: cholakwika chilipo, koma si cha Marcell. Ndi cha makampani a TV ndi mafilimu a ku Britain amene sanapeze chochita ndi munthu ngati ameneyu mpaka Aamerika anamuitana. Ndipo si iye yekha. Marianne Jean-Baptiste anasankhidwa kupikisana nawo pa Oscar chifukwa cha Secrets & Lies ya 1996, koma ntchito yokhazikika anakaipeza ku America mu Without a Trace. Idris Elba anadziwika ndi The Wire kuyambira 2002. David Harewood anadziwika ndi Homeland mu 2011 atasewera kale Othello ku National Theatre. Mu 2014 Lenny Henry anaima pamaso pa akuluakulu a BAFTA n'kudandaula poyera za kuchepa kwa anthu akuda ndi a ku Asia pa TV ya dzikolo. Marcell anayenda njira imeneyi zaka zambiri enawa asanayambe. Kunena kuti akanakana gawo la Geoffrey n'kosavuta kwa ife amene sitinali ndi lendi yolipira ku London mu 1990.

Chimene chimandichititsa chidwi kwambiri ndi zimene anachita seweroli litatha. Munthu amene nkhope yake yazungulira dziko lonse akhoza kudya dzina limenelo mpaka kukalamba, n'kumangobwereza nthabwala zomwezo. Marcell anabwerera pa siteji. Ku Shakespeare's Globe ku London, mu 2011, anasewera Leonato mu Much Ado About Nothing, bambo amene pa tsiku la ukwati amakhulupirira bodza lonamizira mwana wake wamkazi. Mu 2013 anasewera King Lear m'sewero la Globe lokonzedwa ndi Bill Buckhurst, limene kagulu kochepa ka osewera kanayenda nalo m'madera ambiri, ndipo chaka chotsatira linafika ku America. Lear ndi limodzi mwa magawo olemera kwambiri amene wazisudzo wachikulire angapatsidwe m'Chingerezi. Analifikira ali ndi zaka za m'ma 60, patapita pafupifupi zaka 40 chisewerereni Eros. Kuchoka pa wantchito wa Antony kufika pa mfumu ya Britain panatenga moyo wonse wa ntchito, ndipo Geoffrey anali siteshoni imodzi pa ulendowo.

Tsopano tifike ku Kasungu. The Boy Who Harnessed the Wind, filimu yoyamba yaitali imene Chiwetel Ejiofor anaitsogolera, inaonetsedwa ku Sundance mu Januwale 2019 n'kufika pa Netflix mu Malichi chaka chomwecho. Inachokera m'buku la William Kamkwamba ndi Bryan Mealer la 2009, ndipo inajambulidwa kwathu konkuno. Marcell ndi mfumu ya ku Wimbe, bambo ake a Gilbert, mnzake wa William. Amaoneka kochepa, koma nkhani ya njala ya 2001 ndi 2002 imazungulira pa iye. Pa bwalo la m'mudzi, akampani ya fodya akufuna kugula mitengo, ndipo mfumu ikuchenjeza kuti mitengoyo ndiyo imatchinga madzi osefukira. Anthu akuvutika ndi umphawi, samvera, ndipo amasaina. Pa msonkhano wa pulezidenti, mfumu yomweyo ikupatsidwa mpata wolankhula, ndipo m'malo mongoyamika ikunena za njala imene ikubwera ndi kupempha boma kuti lichitepo kanthu. Amaichotsa pa nsanja n'kukaimenya kuseri. Siichiranso bwino, ndipo pambuyo pake imamwalira.

Filimuyi imafunikira kuti tikhulupirire kuti njira zonse za akuluakulu zatsekeka, kuti mwana wa zaka 13 kapena 14 ndi dayinamo ya njinga akhale chiyembekezo chomaliza. Ntchito imeneyo ndi ya Marcell. Mfumu ikapanda kuoneka yolemekezeka, kumenyedwa kwake sikutiopsa, ndipo makina a mphepo a William amangokhala nkhani ya mwana wanzeru. Ndikaona mmene amaimira pa nsanja paja, munthu wokalamba amene akudziwa kuti mawu ake salinso lamulo koma akulankhulabe, ndimaona munthu amene anakhala miyezi yambiri akusewera Lear.

Funso lachiwiri ndi limene Amalawi ambiri anafunsa filimuyi itangotuluka: bwanji anthu a kunja? Ejiofor anabadwira ku London kwa makolo a ku Nigeria, Maxwell Simba ndi wa ku Kenya, Aïssa Maïga anabadwira ku Dakar n'kukulira ku France. Chichewa chimene chimamveka m'filimumo, pena chimafuna kuti nafenso eni ake tiwerenge mawu a pansi. Lily Banda ndi Philbert Falakeza akalankhula, khutu limapuma. Dandaulo limeneli ndi loona, ndipo si lathu lokha: mu 2017 Samuel L. Jackson anafunsa funso lofanana pamene Daniel Kaluuya wa ku London anasewera Mwamerika wakuda mu Get Out. Ndingawonjezere kuti pa magawo onse a m'filimuyi, la mfumu ndilo linali losavuta kulipereka kwa Mmalawi. Tili ndi akuluakulu amene akudziwa mmene mfumu imakhalira pa mpando, mmene imazunguliritsira nkhani ndi miyambi isanafike pa mfundo, mmene imakhalira chete nduna zikulankhula. Zinthu zimenezi siziphunzitsidwa ku Stratford.

Koma tisaimire pamenepo, chifukwa kuimira pamenepo n'kudzinamiza. Wojambula filimu wa ndalama zambiri akamafuna munthu wa zaka 70 woti asenze magawo atatu ofunika, amafuna munthu amene wakhala akugwira ntchitoyi mosalekeza, amene angabwereze chinthu chomwecho kakhumi kamera ikusuntha, amene ali ndi womuimira woti amuimbire foni. Britain ili ndi anthu otere ambiri chifukwa inamanga malo oti azikalambiramo ali pa ntchito. Royal Shakespeare Company imathandizidwa ndi ndalama za boma kudzera ku Arts Council. Globe imadalira kwambiri matikiti, ndipo anthu amagula. BBC imajambula masewero a pa wailesi ndi pa TV chaka chonse. Bungwe la azisudzo la Equity limakambirana za malipiro ochepetsetsa amene munthu ayenera kulandira. M'dongosolo lotere munthu akhoza kukhala wam'mbali moyo wake wonse n'kulera ana.

Ife luso sitinalisowepo. Du Chisiza Jr anamanga Wakhumbata Ensemble Theatre n'kuonetsa kuti zisudzo zikhoza kukhala ntchito ya malipiro, koma anamwalira mu 1999 asanafike zaka 40. John Nyanga ndi Eric Mabedi, Izeki ndi Jakobo athu, anaseketsa dziko kwa zaka zambiri ndipo onse anatisiya. Amenewa ndi amene maina awo tikuwadziwa. Nanga amene ankasewera apongozi, anyakwawa ndi asing'anga mu Kapalepale, Pamajiga ndi Tikuferanji, ndi angati amene tingawatchule maina awo enieni? Ndi angati amene anapitiriza mpaka imvi, osasiya kuti akayambe geni? Wosewera wam'mbali ndiye woyamba kusowa pamene zisudzo sizilipira, chifukwa mwini filimu akhoza kupeza kontirakiti yotsatsa sopo kapena kukhala wotsogolera mwambo pa ukwati, pamene wosewera mlonda palibe amamuitana. Tikamadandaula kuti mfumu ya ku Wimbe inachokera ku Peckham, tizifunsanso kuti mfumu yathu tinaisiya pati.

Anzanga amene muli m'magulu a zisudzo m'makoleji mwathu mukudziwa zimene zimachitika pa tsiku logawa magawo. Aliyense amawerenga kuti mizere yake ndi ingati, ndipo wopatsidwa gawo la mesenjala amayamba kujomba pa maphunziro. Mu King Lear yemweyo muli wantchito wopanda dzina amene amalankhula mizere yowerengeka. Pamene Cornwall akukolowola maso a Gloucester, akuluakulu onse ali chete, wantchitoyo ndiye amasolola lupanga kuletsa bwana wake. Amaphedwa pomwepo, koma bala limene wasiya ndilo limapha Cornwall, ndipo nkhani yonse imakhota. Shakespeare, amene naye anali wosewera, ankadziwa kuti pa gulu pamakhala munthu amene angathe kusenza mphindi imodzi imeneyo. Gulu lopanda munthu wotere likhoza kukhala ndi Lear wabwino, seweroli n'kugwabe.

Mu 2022 The Fresh Prince inabweranso ngati Bel-Air, sewero losaseketsa, ndipo Geoffrey watsopano, Jimmy Akingbola, sanyamulanso thireyi: ndi woyang'anira nyumba komanso mlangizi wa Philip. Kusintha kumeneku kukusonyeza kuti funso la yunifomu lija linamveka. Koma Akingbola analandira munthu amene anali kale ndi ulemu, ndipo ulemuwo anaumanga ndi Marcell ndi nthabwala za chiganizo chimodzi. Ulendo wina mukaonera filimu ya Kamkwamba, musatseke laputopu makina a mphepo akangoyamba kutunga madzi. Dikirani maina adutse. La Marcell mulipeza pakatikati, ndipo pansi pake pali maina a Amalawi anzathu amene anasewera ogulitsa ndi anthu a pa mzere wa chimanga. Mwa iwowo ndi mmene muyenera kudzachokera mfumu ya filimu ya zaka 30 zikubwerazi, ngati tidzakhale titawapatsa chifukwa chopitirizira.